Ankatsatsa Nkhope za Ena, Lero Mumbai Ikutafuna Dzina Lake

Ku Mumbai miseche ili ndi maofesi. Ili ndi antchito olandira malipiro mwezi ukatha, ili ndi mafoni, ili ndi ndandanda ya atolankhani oti aimbiridwe kukangocha. Filimu ikatsala pang'ono kutuluka, mumangoona nyuzipepala zayamba kunong'ona zoti mnyamata ndi mtsikana amene asewera m'filimumo akumaonekera limodzi usiku, kapena zoti anayambana pojambula mpaka wina kunyanyala. Eni mzindawo amadziwa bwino lomwe kuti zambiri mwa nkhani zoterezi zimaphikidwa m'chipinda cha otsatsa malonda, koma amadyabe, n'kupempha zoonjezera. N'chifukwa chake nkhani ya Parineeti Chopra imawakomera mwapadera. Mayiyu anayambira kukhitchini komweko kumene mphekesera zimaphikidwa, kenaka anatulukako n'kukhala ndiwo za pambale.

Anabadwa pa 22 Okutobala 1988 ku Ambala, m'chigawo cha Haryana, tauni yodziwika ndi kampu yaikulu ya asilikali. Bambo ake ankachita bizinesi yoperekera katundu ku kampu komweko. Kusukulu mutu unkagwira, ndipo maloto ake sanali a kamera ayi, anali a kubanki. Ali ndi zaka 17 anakwera ndege kupita ku England, komwe anakaphunzira za bizinesi, za ndalama ndi za chuma ku Manchester Business School. Okonda mpira tcherani khutu apa: ali pasukulupo ankagwira ganyu ku Manchester United, kuyang'anira gulu la operekera zakudya. Inali nthawi ya Alex Ferguson, Rooney ndi Ronaldo, pamene timuyo inkatengadi zikho osati kungozikumbukira.

Digiri itapsa mu 2009, chuma cha dziko lonse chinali chitagwa chagada. Mabanki amene ankawalota aja anali kalikiliki kuchotsa anthu ntchito. Mtsikanayu analongedza zikwama n'kubwerera kwawo, ndipo anakafikira ku Mumbai kwa Priyanka Chopra. Abambo a awiriwa ndi a mimba imodzi, choncho mwa kawerengedwe kathu ka chibale Priyanka ndi mkulu wake basi, palibenso zokuluwika. Nthawi imeneyo mkulu wakeyo anali kale dzina lalikulu, atavala chisoti cha Miss World mu 2000 n'kulowa m'mafilimu. Mng'onoyu anapeza malo ku Yash Raj Films, kampani imene Yash Chopra anayambitsa mu 1970, yomwe situdiyo yake ili ku Andheri. Anamuika ku dipatimenti yotsatsa mafilimu ndi kulumikizana ndi atolankhani.

Ntchito imeneyi amene sanaionepo amaganiza kuti ndi yonona. Tsiku loti akatswiri akumane ndi atolankhani, wotsatsa ndiye amayamba kufika n'kukhala womaliza kuchoka. Ali ndi pepala m'manja: wa TV uyu alowe 2 koloko, wa nyuzipepala uyo adikire pakhonde, wa wailesi ndi womaliza ngati nthawi ilipo. Amaonetsetsa kuti khofi wa katswiri wafika asanazizire. Kuyankhulana kukayamba amaima pakona, diso lina pawotchi diso lina pamilomo ya mtolankhani, kudikira funso loletsedwa lija kuti alidule lisanathe. Mphindi zikakwana amakodola ndi chala, akumwetulira, ngakhale mkati akutukwana. Parineeti anagwira ntchito imeneyi potsatsa mafilimu angapo, ndipo imodzi inali Band Baaja Baaraat ya mu 2010, mmene munali Anushka Sharma ndi mnyamata watsopano wosakhazikika dzina lake Ranveer Singh.

Chimene a miseche amachikonda kwambiri n'chakuti iye mwini ankanyoza ntchito ya zisudzo. Ankaiona ngati chonamizira chodzolera zodzoladzola zambiri. Maganizo anasintha ataona mmene mkulu wake ankadzipanikizira pokonzekera filimu ya 7 Khoon Maaf. Anaganiza zosiya ntchito kuti akaphunzire zisudzo, koma asanatuluke pageti, Maneesh Sharma, amene anatsogolera Band Baaja Baaraat, anamuona kuti ali ndi kanthu. Anamuyesa pakamera, iye n'kumangoseweretsa mawu a Kareena Kapoor a mu Jab We Met ngati zocheza. Tepi inafika pa tebulo la bwana Aditya Chopra, mwana wa Yash, munthu amene amathawa makamera ngakhale chuma chake chonse n'cha makamera. Bwanayo anamusainitsa mafilimu atatu. Mu Disembala 2011, mu Ladies vs Ricky Bahl, mtsikana amene ankakonzera Ranveer ndi Anushka nthawi yokumana ndi atolankhani anali pachithunzi chimodzi ndi iwo, ndipo khofi wake tsopano ankabwera naye ndi wina.

Apa ndi pamene tauni inagawanika, ndipo mpaka lero sinalumikizane. Gulu lina limati musatinamize, dzina lomaliza lija ndi limene linatsegula geti. Ena osadziwa amafika ponena kuti ndi mwana wa pakhomo pa a Yash Chopra, zomwe si zoona, chifukwa a Chopra a ku Ambala ndi a Chopra a situdiyo angofanana dzina. Koma za Priyanka sizikanika. Mtsikana wamba wochokera ku Haryana sangalowe mu situdiyo ya ku Andheri kudzangoona malo n'kutulukamo ali ndi ntchito. Gulu linalo limayankha kuti mkulu wake anangomufikitsa pa desiki ya otsatsa, ndipo kuchoka pa desikiyo kufika kutsogolo kwa kamera anayenda ndi miyendo yake. Ine ndimaona kuti onse akunena zoona, kungoti aliyense amasiya dala theka la nkhani limene silimukomera.

Zaka zitatu zoyambirira zinayenda mwa myaa. Anatenga mphotho ya Filmfare ya mtsikana watsopano wochita bwino. Mu 2012 anasewera Zoya mu Ishaqzaade, mwana wamkazi wa wandale wachisilamu amene amagwa m'chikondi ndi mnyamata wachihindu wa banja lodana nalo, ndipo oweruza mphotho za boma la India anamutchula mwapadera. Kunabwera Shuddh Desi Romance mu 2013 ndi malemu Sushant Singh Rajput, kenaka Hasee Toh Phasee mu 2014. Chaka chomwecho Daawat-e-Ishq ndi Kill Dil zinagwa motsatizana, ndipo anthu omwe ankamuombera m'manja aja anayamba kuyeza chiuno chake ndi maso.

Nkhani ya thupi lake inatafunidwa mopanda manyazi. Ankamunena kuti ndi wonenepa, kuti sadziwa kuvala, kuti sakufanana ndi mkulu wake. Anasowa kwa kanthawi, ndipo kumapeto kwa 2015 anatulukira ndi zithunzi ali wowonda, minofu ili gwa. Mukuganiza kuti pakamwa panatsekeka? Omwe ankati achepetse thupi anangotembenuka n'kuyamba kumudzudzula kuti akuphunzitsa atsikana kudana ndi matupi awo. Patapita zaka iye anaulula kuti pa filimu yake yoyamba analandira ma rupee 500,000, pamene anzake obadwira m'chuma ankamulangiza kulemba ntchito mphunzitsi wa masewera olimbitsa thupi ndi katswiri wa zakudya, anthu amene akanameza ndalama yonseyo miyezi ingapo isanathe. Atanena kuti sangakwanitse, akuti anamuyang'ana ngati wasochera.

Akuluakulu anati ukaipa dziwa nyimbo. Kuipa sikunamuyandikire mayiyu, koma nyimbo ankaidziwa, popeza anaphunzira kuimba nyimbo za makolo a kumpoto kwa India kuyambira ali wamng'ono. Pobwerera mu 2017 ndi Meri Pyaari Bindu anaimba yekha nyimbo imodzi ya m'filimumo, chinthu chosowa ku Mumbai kumene osewera ambiri amangoyendetsa milomo wina akuimba kuseri. Filimuyo sinagulitse, koma nyimboyo inayenda. Chaka chomwecho Golmaal Again ya Rohit Shetty inapeza ma rupee oposa 3 biliyoni, ndipo a pakamwa pakuthwa sanachedwe kukumbutsa kuti m'filimu yake yopindula kwambiriyo Parineeti anasewera mzukwa.

Koma nkhani imene inakoma kuposa zonse m'chaka chimenecho inali ya njinga. Anaitanidwa ku mwambo wa sukulu yophunzitsa amayi kudziteteza, imene katswiri wa mafilimu Akshay Kumar ankathandiza ku Mumbai. Ataima kutsogolo kwa atsikana anawauza kuti iye anakula movutika, kwawo kunalibe ndalama za galimoto, ankapalasa njinga popita kusukulu ndipo anyamata ankamuvutitsa m'njira. Omvera anakhudzidwa. Tsoka ilo, Ambala ili ndi intaneti. Munthu wina amene anaphunzira naye sukulu imodzi analemba pa Facebook kuti zimenezo ndi nthano, banjalo linali lopeza bwino ndipo galimoto ya bambo ake ankaidziwa. Ena a kumeneko anathirira ndemanga, nkhani n'kufalikira dziko lonse. Anthu ankafunsana kuti kodi ndi umphawi wa mtundu wanji umene umatumiza mwana ku Manchester ali ndi zaka 17, komanso kukachezera agogo ku Kenya patchuthi. Parineeti anatulutsa chikalata chofotokoza kuti anthu anamumva molakwa: galimoto pakhomo inalipo, koma sinkaperekeza ana kusukulu, ndipo njingayo ankapalasadi.

Zonsezi n'zotheka kukhala zoona nthawi imodzi. Munthu akhoza kukhala ndi bambo wa galimoto n'kumavutitsidwabe ndi anyamata pamsewu, ndipo mfundo imene ankafuna kuuza atsikana aja inali yomveka. Chimene chinaseketsa akadaulo a ntchito yake yakale n'china. Lamulo loyamba la wotsatsa ndi lakuti usanene chinthu chimene anthu a kwanu angachitsutse ndi chithunzi chimodzi. Akanakhala katswiri wina amene wanena zimenezi Parineeti ali pakona ndi pepala lake, bwenzi atakodola chala kalekale.

Mu Disembala 2018 kunali ukwati wa Priyanka ndi woimba wa ku America, Nick Jonas, ku Jodhpur. Kumpoto kwa India kuli mwambo woti mkwati akavula nsapato polowa pamalo a mwambo, azilamu ake aakazi amaziba n'kuzibisa, ndipo sazibweza mpaka atalipira. Parineeti, digiri ya zachuma ili m'thumba, analengeza ukwati usanafike kuti mtengo wake ndi madola 5 miliyoni. Mlamu wakeyo akuti anayankha kuti apereka madola 10. Kukambirana kwa mitengo kumeneku kunadyetsa nyuzipepala kwa masabata. Pomaliza Nick anagawira atsikana operekezawo mphete za dayamondi, ndipo sitinamve wina akudandaula. Chaka chotsatira akulu ndi ang'onowa analowetsa mawu mu Frozen 2 ya Chihindi, wamkulu ngati Elsa, wamng'ono ngati Anna, zomwe otsatsa sakanazikonza bwino kuposa pamenepo.

Koma kumbali ya mafilimu ake, zaka zimenezi zinali zouma. Namaste England inagwa, Jabariya Jodi inagwa, ndipo mu Kesari anangoonekera pang'ono pambali pa Akshay Kumar. Mliri wa Covid utasokoneza ndandanda, mafilimu ake atatu anatuluka mothithikana mkati mwa mwezi umodzi mu 2021: The Girl on the Train pa Netflix kumapeto kwa Febuluwale, kenaka Sandeep Aur Pinky Faraar ndi Saina mu Marichi. Yachiwiriyo, yotsogoleredwa ndi Dibakar Banerjee, inali itagona pashelefu zaka zingapo, ndipo ambiri odziwa mafilimu amati ndi mmene anasewera bwino kuposa kwina kulikonse. Koma tauni sinakambe zimenezo. Inakamba za chithunzi chotsatsira Saina, filimu ya moyo wa katswiri wa badminton Saina Nehwal. Pachithunzipo panali dzanja litaponya kampira ka nthenga m'mwamba, monga amachitira oyambitsa masewera a tenesi. Aliyense amene anagwirako chomenyera badminton amadziwa kuti poyambitsa umamenyera pansi, cha m'chiuno. Amole Gupte, wotsogolera filimuyo, anayesa kufotokoza kuti chithunzicho chinali chophiphiritsa, koma anthu anali atayamba kale kuseka. Munthu wochokera ku dipatimenti yotsatsa mafilimu ya Yash Raj, koma chithunzi chotsatsira ndicho chinamuchititsa manyazi, ngakhale sanachijambule ndi iye.

Tifike pa nkhani imene inagwedeza Mumbai ndi Delhi nthawi imodzi. Mu Marichi 2023 ojambula zithunzi, amene amagona pazipata za malo odyera a ku Bandra, anamuona akutuluka ndi a Raghav Chadha, amene panthawiyo anali phungu wachinyamata wa chipani cha Aam Aadmi m'nyumba ya malamulo ya Rajya Sabha, amenenso ndi akauntanti wophunzira bwino. Mawa lake anawaonanso. Atolankhani atawapanikiza a Chadha panja pa nyumba ya malamulo, iwo anamwetulira n'kuwauza kuti awafunse za ndale, za Parineeti ayi. Yankho limenelo linali ngati kuvomera ndi mutu pakamwa pakukana. Ngakhale wapampando wa nyumbayo panthawiyo, a Jagdeep Dhankhar, anawaseka m'nyumba momwemo kuti adzaza kale malo okwanira pa intaneti. Kumayambiriro kwa Meyi awiriwa anakaonera kiriketi ku Mohali, ndipo khamu la m'bwalomo linayamba kukuwa moimba, kumutchula Parineeti kuti mlamu, ankhoswe asanakhale n'komwe pansi.

Ofukula zakale anagwira ntchito usiku wonse. Anapeza kanema wa zaka zam'mbuyo mmene Parineeti akunenetsa kuti sadzakwatiwa ndi wandale, zivute zitani. Anakumbukiranso kuti m'filimu yake yoyamba ija dzina lake linali Dimple Chaddha, ndiye okhulupirira zamatsenga anati zinalembedwa kale. Iye mwini anadzafotokoza kuti anakumana ku London kumayambiriro kwa chaka chomwecho pamwambo wolemekeza amwenye amene anaphunzira ku Britain, ndipo atangomwa nawo tiyi wam'mawa anathamangira pa Google kukafufuza zaka za bamboyo komanso ngati ali pabanja. Chinkhoswe chinachitika pa 13 Meyi ku Kapurthala House ku Delhi, ukwati pa 24 Seputembala ku Udaipur, m'hotela ya m'mphepete mwa nyanja. Kunabwera a Arvind Kejriwal, amene panthawiyo ankalamulira Delhi, a Bhagwant Mann a ku Punjab, ndi mnzake wapamtima wa mkwatibwi, katswiri wa tenesi Sania Mirza.

Magulu awiri anasowa mtendere ndi ukwatiwu. Oyamba anali adani a chipani cha mkwati, amene anafunsa kuti chipani chodzitcha cha munthu wamba chimachitira bwanji ukwati m'hotela imene munthu wamba sangagulemo ngakhale madzi akumwa. Achiwiri anali owerenga mipando, amene anaona kuti Priyanka, yemwe anabwera kuchinkhoswe, kuukwati sanaoneke. Anangotumiza mafuno abwino pa Instagram. Apo ndiye panali podyera: ena amati ndi ntchito, ena amati alipo mawu amene sanathe pakati pa awiriwa. Palibe amene anabweretsa umboni, koma ku Mumbai umboni umangochedwetsa nkhani.

Chaka chomwecho kunatuluka Animal ya Ranbir Kapoor, imene inakokolola ma rupee oposa 9 biliyoni. Malo a mkazi wa Ranbir m'filimumo poyamba anali a Parineeti, koma anawasiya, n'kutengedwa ndi Rashmika Mandanna. Owerengera anzawo ndalama anagwira kumutu. Iye anali atasankha filimu ya Imtiaz Ali yonena za Amar Singh Chamkila, woimba wa ku Punjab amene anawomberedwa ndi mfuti limodzi ndi mkazi wake Amarjot pa 8 Marichi 1988 m'mudzi wa Mehsampur, miyezi ingapo Parineeti asanabadwe. Kuti afanane ndi Amarjot ananenepa dala makilogalamu pafupifupi 15, thupi lomwe lija anthu anamuzunza nalo zaka khumi m'mbuyomo, ndipo nyimbo za banjalo ankaziimba yekha pamodzi ndi mnzake wosewera naye, Diljit Dosanjh, kamera ikujambula. Filimuyo inatuluka pa Netflix pa 12 Epulo 2024 ndipo inayamikiridwa kwambiri. Omwe ankamulira chifukwa cha Animal aja anayamba kunena kuti iwo ankadziwa kale kuti mtsikanayu ndi waluso.

Pamwambo wotsatsa filimuyi anavala diresi lotaya, ndipo dzuwa lisanalowe tauni inali itamupatsa mimba. Iye anayankha pa Instagram moseka kuti zikuoneka kuti chovala chilichonse chotakasuka masiku ano ndi chikalata cha kusikelo, kenaka anayamba kuvala zothina kuti anthu apume.

M'masabata amenewo, akuyankhula ndi atolankhani, ananena chinthu chimene chinandiseketsa kuposa zonsezi. Anadandaula kuti ntchito zabwino zakhala zikumudutsa chifukwa sadziwa kudzigulitsa: sapita kumaphwando ndi kumadyerero kumene maudindo a m'mafilimu amagawidwa, ndipo sadziwa kunyengerera akuluakulu. Tangoganizani, munthu amene analowa m'makampani a mafilimu kudzera pa khomo la otsatsa, amene ankadziwa nambala ya mtolankhani aliyense ndi nthawi yabwino yomuimbira. Ena anamumvera chisoni n'kunena kuti akunena zoona, popeza magulu a anthu okondana okhaokha ku Mumbai alipodi ndipo amagawana ntchito patebulo la chakudya. Ena anapukusa mutu n'kunena kuti kudandaula pagulu kuti sudziwa kudzitsatsa, sabata yomwe filimu yako yatuluka, ndiko kudzitsatsa kwapamwamba kwambiri, ndipo ndi wophunzira ku Andheri yekha amene angakuganizire.

Mimba yeniyeni inadzabwera mu 2025, ndipo ulendo uno sanalole kuti ojambula a ku Bandra amutsogolere. Mu Ogasiti iye ndi amuna ake anaika pa Instagram chithunzi cha keke yokhala ndi timapazi ta khanda, pamwamba pake atalemba 1 + 1 = 3. Mwana wamwamuna anabadwa mu Okutobala. Mafuno abwino anasefukira, koma sanalephere kupezeka ofunsa kuti zatheka bwanji kuti akauntanti ndi mayi wa digiri ya zachuma ya ku Manchester akhale pansi awiri n'kupeza ansala imeneyo, ndipo ngati a Chadha amawerengera chonchi akamatsutsa bajeti ya boma m'nyumba ya malamulo.